Che Sadiki ndi Dzina la pa Chiliza

Che Sadiki anabadwira kufupi ndi Ntaja, m'mudzi umene mwana wamwamuna ankadziwa njira ya kumzikiti asanadziwe ya kudimba. Sukulu inalipo, ya amishoni, kutsidya kwa dambo, ndipo mphepo ikamachokera kumeneko belu lake linkamveka mpaka pakhonde. Koma bambo awo anali atanenetsa kuti mwana wawo sadzapondako phazi. Ankati kumeneko mwana amapita ali Sadiki n'kubwerako ali Petulo. Tisawaseke akuluwo, poti sanali okha. Makolo ambiri a dera limenelo ankaopa zomwezo. Choncho mnyamatayo anaphunzira swala kumadarasa, analoweza zimene shehe ankawalowezetsa, kenaka anagwira chikombole n'kuyamba kuumba njerwa. Maphunziro ake anathera pomwepo.

Njerwazo ndi zimene zinamuolotsa Shire. Anamva kuti kwa Nsamala, ku Balaka, akumanga tchalitchi ndi sukulu, ndipo akufuna anyamata amphamvu. Dziko ili n'loseketsa: mwana amene anamuletsa kulowa m'kalasi ndi amene anadzamanga makoma a kalasi. Anayamba ndi kuponda dothi, kenaka kuperekera njerwa, mpaka mmisiri wamkulu anamupatsa mpeni womangira. Pantchitopo panali atsikana otunga madzi, ndipo mmodzi wa iwo, Martina, mwana wa a Blasius, anali ndi pakamwa posachedwa kuyankha. Tsiku lina anamuuza Sadiki kuti khoma lake lapendama ngati munthu wochokera ku mowa. Sadiki anayesa ndi chingwe n'kupeza kuti mtsikanayo sananame. Anagumula khomalo, ndipo chaka chisanathe anatuma ankhoswe.

Ukwatiwo sunakondweretse aliyense. Kwawo kwa mwamuna ankati wapita kukasochera. Kwawo kwa mkazi ankati Martina wataya ubatizo wake. Kwa zaka zingapo sankalandira ukaristia. Anzake akamanyamuka kupita kutsogolo, iye ankatsala pabenchi atazolika, ndipo mlongo wake Lyford, amene ankaziona zimenezi Lamulungu lililonse ali mnyamata, sanaziiwale mpaka imvi. Pambuyo pake ansembe anaudalitsa ukwatiwo, aliyense n'kukhalabe ndi chipembedzo chake. Mwezi wa Ramadani mkazi ankaphika futali dzuwa likamapendeka. Lamulungu mwamuna ankapopa njinga, kumunyamula mkazi wake mpaka pakhomo pa tchalitchi, iye n'kukadikira pansi pa mtengo wa mango. Anakhala chomwecho zaka zoposa makumi atatu, Che Sadiki ali mkamwini pamudzi pa eni. Ana anabadwa awiri, ndipo onse chikuku chinawatenga asanadziwe n'kuyankhula komwe. Ena sanabwerenso.

Pazaka zonsezo Che Sadiki sanatchulepo dzina loti Martina. Kwawo munthu wamkulu satchulidwa dzina la paubwana, makamaka akakhala mkazi wako. Kutero n'kumuchotsa ulemu. Ankawaitana monga aitanirana ku Ntaja, potengera dzina la bambo: Abiti Blasius, ndiye kuti mwana wamkazi wa a Blasius. Poyamba anthu a m'mudzimo ankaseka, kenaka makutu awo anazolowera, ngakhale iwowo ankangoti a Martina. Mwini wake dzinalo ankalikonda. Akamva “Abiti!” kuchokera kuseri kwa nkhokwe, ankavomera woitanayo asanamalize.

Msana utayamba kukana makwerero, Che Sadiki anasiya kumanga nyumba n'kuyamba ziliza. M'midzi ya kumeneko panalibe wowaposa. Koma chiliza sichitha ndi njerwa zokha, pamafunika dzina. Dzinalo limalembedwa ndi msomali pa pulasitala, simenti itayamba kugwira koma isanaume. Ukafulumira zilembo zimadzitsekera zokha, ukachedwa msomali umangoterereka. Nthawi yakeyo ankaidziwa ndi Che Sadiki, podina ndi chala chachikulu. Kulemba kunali kwa mkazi wawo, amene anaphunzirako kwa masisitere ndipo anali ndi dzanja lokongola. Mwamuna akati “Tsopano,” mkazi ankagwada n'kulemba. Msomali wake unali umodzi womwewo, wautali, ndipo unkasungidwa patsindwi.

Sukulu za kwacha zitafika m'deralo, zija zophunzitsa akuluakulu kulemba ndi kuwerenga, mayiwo anawaumiriza amuna awo kuti akalembetse. Che Sadiki anakana kwamtuwagalu. “Ine ndikakhale pakati pa azimayi, kumakuwa a, e, i ngati mbuzi yomangidwa? Nanga inuyo ntchito yanu ikhala chiyani?” Iwo ankaona ngati nthabwala. Munthu akamawerengeredwa ndi mnzake saganiza kuti mnzakeyo adzatsinzina tsiku lina.

Matenda anabwera mwakachetechete. Miyendo inayamba kutupa, kenaka mimba. Kuchipatala anawagoneka milungu ingapo n'kuwabweza kuti akapumire kunyumba, ndipo tanthauzo la mawu amenewo aliyense amalidziwa. Tsiku lina masana, ali chigonere pamphasa pakhonde, anaitana amuna awo.

“Che Sadiki, maina onse ali kumanda kuja ndinalemba ndine. Nanga langa adzalemba ndani?”

“Musayankhule zimenezo, Abiti Blasius. Muchira, Mulungu akalola.”

“Iyayi, tisanamizane, tonse ndife akuluakulu. Kumanga mudzamanga, zimenezo sindikukayika. Koma sindifuna dzanja la munthu wina pamutu panga. Mudzalembe ndinu.”

Che Sadiki anayesa kuseka. “Ine? Ndi manja anowa?”

Mayiwo sanaseke nawo. Anangowayang'anitsitsa mpaka bambowo anagwetsa nkhope n'kunena kuti, “Chabwino, ndidzalemba.” Mvula yoyamba itangogwa, Martina anamwalira.

Mwambo wake ndi wodziwika. Mkazi akamwalira, mkamwini wopanda ana amakhalapo mpaka chiliza chimangidwe, kenaka eni mudzi amamusudzula, n'kubwerera kwawo ndi mphasa yake. Lyford, amene tsopano anali mwini mbumba, ananena kuti chiliza chidzamangidwa chilimwe chikubwerachi, anthu atakolola. Che Sadiki anapita kwa iye atavula kofia yawo n'kuigwira m'manja.

“Alamu, ndili ndi pempho. Chiliza ndimanga ndekha, simenti ndipeza ndekha. Koma dzina ndikufuna ndidzalembe ndine. Malemu anatero.”

Lyford anawayang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. “Inuyo, alamu? Khadi ya chipani yomwe mumaigwira chadodolido.”

“Ndikaphunzira.”

“Ngati mlongo wanga ananena, ine ndine yani? Mukatha, mudzalemba.”

Choncho anali ndi miyezi ya pakati pa mvula ndi chilimwe kuti achite zimene anazikana moyo wawo wonse. Akalephera, lonjezo lidzakhala lathyoka, ndipo mwayi wachiwiri sudzapezeka, poti mkamwini wosudzulidwa salowanso kumanda kwa eni ngati kudimba kwake.

Sukulu ya kwacha inkakumana masana, ana akaweruka, m'kalasi lomwe lija Che Sadiki anamanga ali mnyamata. Tsiku loyamba anaima pakhomo nthawi yaitali akusisita khoma, ngati abwera kudzaona ming'alu. M'katimo munali azimayi okhaokha, ena ndi ana kumsana. Atalowa, phokoso linatha zii, kenaka wina anakhosomola, wina n'kuseka, mpaka kalasi lonse linagwa nacho chikhakhali. Madesiki anali a ana, mawondo awo sanalowe pansi pake, ndiye anakhala chammbali, miyendo ili m'kanjira. Kuyambira tsiku limenelo anawatcha agogo a sitandade wani. Ankavomera, poti mkamwini sakula mwendo.

Mphunzitsi anali Mayi Lilian, mkazi wa mlangizi wa zaulimi, amene anali atangosamukira kumene m'deralo, moti malemu sanawadziwe. Anali woleza mtima, ndipo kuleza mtimako kunafunikadi. Dzanja limene linazolowera kuswa njerwa linkathyola choko tsiku lililonse. Akawauza kuti ayambe kulemba, dzanja linkathawira kumanja kwa sileti monga ankaonera shehe wawo akuchitira kale, ndipo Mayi Lilian ankachita kuligwira n'kulibweza kumanzere. Maso nawo anali atayamba kuchita nkhungu. Chimene aphunzira lero, mawa chinali chitauluka. Azimayi anzawo ankathamanga, akuimba “ma, me, mi, mo, mu” ngati nyimbo ya pamtondo, iwo akadali kulimbana ndi a. Masiku ena ankatuluka m'kalasimo thukuta lili kamukamu, kuposa munthu amene watentha uvuni wa njerwa.

Ndiye sukuluyo inali ndi zake. Nthawi ya kupalira anthu ankabwera atatu kapena anayi. Maliro akagwa, sukulu inkatsekedwa. Choipa kwambiri chinali cha magule. Kukamveka kuti kuli msonkhano waukulu wa chipani, azimayi onse, ndi aphunzitsi omwe, ankaitanidwa kukakonzekera nyimbo, kenaka lole inkabwera kudzawatenga. Milungu inkatha chitseko chili chotseka. Kudandaula kunali kuputa mavu, ndiye panalibe wodandaula. Che Sadiki ankabwerabe, kukhala pakhonde la kalasi ndi sileti yawo, kubwereza zochepa zimene ankakumbukira, dzuwa n'kupendeka, iwo n'kubwerera kunyumba yopanda moto. Ankaona chimanga chikumasula, kenaka chikuuma, n'kumadziwa kuti nthawi ikuwathera.

Tsiku lina anzawo atatuluka, anatsalira dala.

“Aphunzitsi, ndithandizeni. Buku lonseli ine sindilimaliza, ndaona. Mundilembere dzina limodzi lokha, ndizikaliyeserera kunyumba.”

“Dzina lanu, agogo?”

“Iyayi. La akazi anga. Anatisiya.”

“Pepani. Dzina lawo anali ndani?”

“Abiti Blasius.”

Anayankha mosaganiza kawiri, monga munthu amayankhira akafunsidwa kumene dzuwa limatulukira. Mayi Lilian analemba zimene anamva, zilembo zikuluzikulu, pakathabwa kamene bambowo anabweretsa. Panalibe wolakwa pamenepo. Wina analemba chimene anauzidwa, wina ananena dzina la mkazi wake.

Kuyambira pamenepo kuseri kwa nyumba kunasanduka sukulu yachiwiri. M'mawa akatha swala ankakanda dothi, kulisalaza ndi mpeni womangira, kudikira kuti ligwire, n'kutsitsa msomali uja patsindwi. Ankalemba, kufufuta, kulembanso. Chilembo cha S chinawazunza mwezi wathunthu, chinkangotuluka chitayang'ana kumene chachokera. Akamva mapazi a munthu ankasalaza msanga dothilo, poti sankafuna kuti dzina la malemu lizionedwa lili lopindikapindika, anthu n'kumaseka. N'chifukwa chake panalibe mmodzi yemwe m'mudzimo amene anaona zimene ankalemba. Pang'onopang'ono dzanja linagonja. Kenaka linayamba kuthamanga lokha, mpaka ankatha kulemba dzina lonse osayang'ana pakathabwa.

Kusukulu sanasiye, ndipo zina zinayamba kulowa. Tsiku limene anapita ku Balaka kukagula simenti, atagulitsa njinga yawo ija, anaima pafupi ndi kanyumba kena kodyeramo kudikira ngolo. Maso awo anagwera pa zilembo za pakhoma. Milomo inayamba yokha: “Ti... yi.” Tiyi! Khoma linawayankhula kwa nthawi yoyamba chibadwire. Anasangalala ngati mwana, ndipo anatembenuka msanga kuti akafike kunyumba akawauze Abiti Blasius. Anayenda pang'ono, kenaka anakumbukira. Anakhala pathumba la simenti pamsewu pomwepo n'kulira, anthu akudutsa.

Mwezi wa Okutobala unafika ndi dzuwa lake la ku Balaka, lija limasweka pamutu kusanache bwino. Njerwa za chiliza anaziyala masiku awiri, chingwe chili m'manja, ndipo sipanapezeke popendama. Tsiku la pulasitala abale anasonkhana, azimayi anatunga madzi kuchokera kuchitsime chakutali, ndipo nkhoswe wa Che Sadiki, nkhalamba inzawo, anabwera kuchokera ku Ntaja kuti adzawatenge mwambo ukatha. Posakaniza, Che Sadiki anachita zimene sanachitirepo munthu wina aliyense: anachepetsa mchenga n'kuchulutsa simenti yonse yotsala, kuti dzina la mkazi wawo lisadzafufutike ndi mvula. Ankadziwa bwino kuti simenti yotero, padzuwa lotero, imagwira msanga. Koma ankadalira dzanja lawo, ndipo dzanjalo linali litakonzeka.

Anapaka, anasalaza, anadikira. Anadina ndi chala chachikulu. Panalibe woti amuuze kuti “Tsopano,” ndiye anangogwada okha. Kumanda konse kunali chete. Azimayi a kusukulu ya kwacha anasendera pafupi kudzaona agogo awo a sitandade wani. Msomali unalowa bwino. Zilembo zinatuluka zoongoka, zofanana msinkhu, S yemwe anayang'ana koyenera. Atamaliza anapuma mpweya wautali umene anausunga chaka chonse. Mayi wina anayamba nthungululu, kenaka anakumbukira kumene ali n'kudzigwira pakamwa.

Lyford anawerama kuti awerenge. Nkhope yake inasintha.

“Alamu, mwalemba chiyani apa?”

“Dzina la malemu.”

“Abiti? Mlongo wanga ndi Abiti? Pamanda a akhristu?”

“Ndi mmene ndinkawaitanira, alamu. Inunso mukudziwa.”

“Kunyumba kwanu! Kuno si kunyumba kwanu. Mlongo wanga anabatizidwa Martina, anafa Martina. Zaka zonse zija anakhala pabenchi chifukwa cha inu sizinakwane? Lero mukufuna aliyense wodutsa pano aziti anafa atasiya mpingo?”

Zoterozo Che Sadiki sanaziganizepo n'kamodzi komwe. Asanapeze choyankha, Lyford anatola mpeni womangira umene unali pansi n'kuudutsitsa pamwamba pa zilembozo, kupita ndi kubwera. Ntchito ya chaka chonse inatha ngati mapazi a nkhuku pabwalo losesa. Tisamuyese chilombo Lyford. Misozi inali ikutsika pamene ankachita zimenezi. Naye anali ndi bala lake, ndipo linali lisanapole.

Phokoso linabuka. Ena ankati mkamwini wanyoza mudzi, ena ankati Lyford wafulumira, mawu a malemu saponderezedwa. Akuluakulu anati nkhani yotere sikambidwa choimirira pamutu pa malemu. Anapatukira pansi pa mtengo, ankhoswe a mbali zonse ziwiri, ndipo anatuma munthu kumudzi kukaitana akatekisiti. Mkamwini sayankha yekha mlandu wake, amamuyankhira ndi nkhoswe, choncho Che Sadiki anatsala pachiliza.

Iwo maso anali pa simenti. Anasalazanso pamene Lyford anakanda. Anaviika thumba m'madzi otsala n'kuphimba, kenaka anavula malaya awo n'kuima mbali ya dzuwa kuti chithunzithunzi chawo chigwere pamenepo. Kawiri anapita kumtengo kuja, n'kunjuta chapatali.

“Pepani akuluakulu, simenti sidikira.”

“Dikirani, Che Sadiki, tikukonza nkhani yanu yomwe,” anatero nkhoswe wawo.

Pansi pa mtengo nkhani inayambira kumene imayambira nthawi zonse, pa tsiku limene ankhoswe anakumana koyamba. Aliyense anafuna kuyankhulapo, ndipo aliyense anayamba ndi kuthokoza amene wangoyankhula. Akatekisiti anapezeka ali kudimba, anachita kukasamba kaye. Madzi a m'ndowa anatha. Thumba lija linauma n'kuchita gwa. Che Sadiki ankadina ndi chala, ndipo nthawi iliyonse chala chinkalowa pang'ono kuposa poyamba.

Pomaliza anagwirizana bwinobwino, mwanzeru ndithu. Akatekisiti anati mawu a malemu alemekezedwe, alembe ndi amuna awo; koma dzina likhale la ubatizo, ndipo pamwamba pakhale mtanda. Lyford anavomera. Onse anabwerera kuchiliza ali okhutira kuti akonza zinthu.

“Lembani, bambo,” anatero akatekisiti. “Martina.”

Che Sadiki anagwadanso. Dzina limeneli dzanja lawo silinkalidziwa. Kuti alilembe anayenera kuchita monga Mayi Lilian anawaphunzitsira, kulitchula mokweza, pang'onopang'ono, kuti khutu liuze dzanja. Anayang'ana anthu onse amene anawazungulira, alamu awo, azimayi, adzukulu a eni mudzi. Zaka zonse zija sanalitchulepo, ngakhale pokwiya, ngakhale ali awiriwiri.

“Ma...” Mawu anatuluka osasa. “Ma... ri... ti... na.”

Anamva ngati amuvula mkazi wawo nsalu pagulu. Azimayi ena anayamba kusisima. Bambowo anaika msomali pa simenti kuti ayambe M, n'kukanikiza. Msomali unaterereka, n'kusiya kamzere koyera ngati pamene mwana wakanda mwala. Anayesanso ndi manja awiri. Unalira kwee, osalowa.

“Thiranipo madzi!” anakuwa wina.

“Thamangani kuchitsime!”

Che Sadiki anapukusa mutu. Anadina ndi chala chachikulu komaliza, ndipo anachisiya pomwepo nthawi yaitali.

“Yagwira,” anatero. “Simenti sibwerera.”

Akatekisiti anayesa nawo, Lyford anayesa ndi nsonga ya mpeni mpaka inapindika. Simenti ija Che Sadiki anaisakaniza kuti mvula isadzaigonjetse, ndipo sinagonjere munthu. Yotsala panalibe ngakhale yodzaza chikhatho. Lyford anakhala pansi, mutu uli m'manja.

“Alamu, tidzagula ina. Tidzapakanso, inu mudzabwera kudzalemba. Ndikulonjeza.”

Che Sadiki anatola malaya awo n'kuvala.

M'mawa mwake mwambo unachitika monga unakonzedwera, poti mowa unali utaphikidwa kale ndipo abale akutali ankafuna kubwerera. Anawakhazika pamphasa, anawathokoza kuti anasunga bwino mwana wawo, anawauza kuti tsopano ndi omasuka, akafuna kukwatira akwatire. Nyumba imene anamanga ndi manja awo, mitengo ya mango imene anabzala, munda umene anaswa mphanje, zonse zinatsala. Ananyamula mphasa, zida zomangira ndi sileti. Pa depoti ya basi ku Balaka nkhoswe wawo anayamba kufunsa anthu kuti yopita kwawo ndi iti. Che Sadiki anamugwira mkono n'kuloza. Anali atawerenga okha chikwangwani cha pagalasi. Ntchito yoyamba imene sukulu inawagwirira inali kuwasonyeza basi yowachotsa kumene kunagona mkazi wawo.

Ku Ntaja anafika ngati mlendo. Amsinkhu wawo ambiri anali atapita, ndipo ana ankawafunsa kuti akufuna kwa yani. Anawalandira ndi Kulusumu, mwana wamkazi wa mlongo wawo, n'kuwapatsa kachipinda ka kuseri. Za ziliza kumeneko kunalibe ntchito, ndiye ankangokonza makhonde ndi zitsime za anthu. Mawu a Lyford anawasunga. Aliyense wopita ku Balaka ankamutuma kuti akafunse ngati simenti yapezeka. Yankho linkabwera lofanana: chaka chino zavuta, tikakolola. Chaka china kunali njala, china kunali ukwati wa mwana, china Lyford anadwala. Sikuti ankakana. Kungoti amoyo ali ndi zambiri zofuna simenti kuposa akufa.

Ataona choncho, Che Sadiki anadzimana mpaka anagula thumba lawolawo, n'kuliimika pakona m'kachipinda kaja. Anatumiza uthenga kuti chilimwe chikubwerachi abwera, awapemphere chilolezo cholowa kumanda. Dzina loti Martina anali atalizolowetsa dzanja, ndi mtanda womwe, ngakhale kuti mtandawo ankaujambula atatseka chitseko. Koma chilimwe chisanafike, tsiku lina akuchokera kumzikiti, anagwa panjira. Anadzuka mbali yonse ya kumanja itafa, pakamwa patapotoka, mawu osamveka. Mvula ya chaka chimenecho inadontha padenga, chinyezi chinalowa m'thumba lija, ndipo pofika chilimwe linali litasanduka mwala. Kulusumu analigubuduzira panja, anthu n'kumakhalira.

Masiku awo omaliza ankawatulutsa m'mawa kukawakhazika pakhonde. Ankawerama, n'kumakanda pansi ndi chala cha kumanzere, pang'onopang'ono, mpaka dzuwa kuwapeza. Kulusumu, amene naye sanapiteko kusukulu, ankaganiza kuti ukalamba wawabweza ku umwana.

“Amalume, mukujambula chiyani? Nyumba?”

Iwo ankayesa kuyankha, lilime osalola. Mayiyo ankawasisita paphewa, n'kutenga tsache kusesa pakhondepo kuti ayale mphasa.

Anamwalira chipani chikadali chimodzi. Anawasambitsa, anawakulunga m'sanda, anawanyamula pa jeneza, n'kuwaika tsiku lomwelo monga mwa Chisilamu. Uthenga unafika kwa Nsamala patapita milungu. Lyford anadandaula kwambiri, ananenanso kuti nkhani ya simenti ija ayenera kuikonza, ndipo naye anamwalira asanaikonze.

Chiliza chija chilipobe. Zina zoyandikana nacho zinang'ambika, zina zinatitimira, koma icho chili chilili, chosalala, chopanda mng'alu ndi umodzi womwe. Amene ankadziwa nkhani yake anatha mmodzimmodzi. Masiku ano achinyamata akapita kukalambula kumanda, wina amafunsa kuti chosalembedwacho n'cha yani. Anzake amayang'anizana, ndiye wina amayankha kuti mwina n'cha mlendo amene anangofera m'mudzimo.